Chigaza cha ku Kabwe ndi phanga limene linapita ku ng'anjo

Ambiri a ife tinakumana naye koyamba m'kalasi. Aphunzitsi analemba pa bolodi kuti Broken Hill Man, pansi pake 1921, pansi pakenso Kabwe. Tinakopera m'makope, tinaloweza, tinayankha pa mayeso, kenako tinamuiwala. Lero timadutsa mu Kabwe pa basi popita ku Copperbelt, timagula nthochi pawindo, osakumbuka n'komwe kuti m'tauni momwemo munatuluka chimodzi mwa zigaza zodziwika kwambiri padziko lonse. Tikachikumbuka, kawirikawiri chimabwera ndi mkwiyo: Azungu anatenga ndipo sakufuna kubweza. Mkwiyowo uli ndi chifukwa chake, ndipo tifikako. Koma pali china chimene chinatayika ku Kabwe chimene a ku London sangatibwezere ngakhale atafuna, ndipo nkhani yathu yagona pamenepo.

Tiyambire pa mgodi. Mu 1902 munthu wina wofufuza miyala, T. G. Davey, anapeza mtovu ndi zinki pa timapiri ting'onoting'ono ta m'derali. Malowo anawatcha Broken Hill potengera mgodi wina wa ku Australia wa dzina lomwelo. Njanji inafika mu 1906, tauni n'kuyamba kukula mozungulira mgodiwo. Dzina la Kabwe linadzakhazikitsidwa mu 1966, patapita zaka ziwiri chilandirire ufulu.

M'kati mwa kaphiri kamene anthu a mgodi ankakatcha No. 1 Kopje munali phanga lalitali, lotsetserekera pansi. Phangalo linali lodzaza ndi mafupa a nyama zakale, zazikulu ndi zazing'ono, ndipo pakati pa mafupawo panali miyala yosemedwa ndi manja. Sichinali chinsinsi ayi. Pofika 1907 nkhani ya phangali inali italembedwa kale m'magazini ya akatswiri a miyala. Vuto linali lakuti mafupawo, atakhala pansi zaka zankhaninkhani, anali atamwa mtovu ndi zinki. Kwa wasayansi anali mafupa, koma kwa kampani anali miyala ya ndalama ngati ina iliyonse. Choncho ambiri anakwezedwa m'ngolo pamodzi ndi miyala ina n'kupita ku ng'anjo kukasungunulidwa. Kwa zaka zingapo mbiri ya dziko lino inkapsa m'ng'anjo tsiku ndi tsiku, ndipo panalibe amene ankaona kuti n'zachilendo.

Pa 17 June 1921, kumapeto a pansi a phangalo, pafupifupi mamita 27 kuchokera pamwamba, anthu awiri anali pa ntchito. Mmodzi anali Tom Zwigelaar, wa ku Switzerland. Winayo anali wantchito wachikuda. Akugumula dothi lofewa, munatulukira chigaza cha munthu, chathunthu pafupifupi chonse, mano ake a m'mwamba alimo, koma chopanda chibwano cha m'munsi. Pali chithunzi chakale chimene chimaonetsa Zwigelaar ali pamalopo ndi chigazacho. Dzina lake lili m'mabuku a padziko lonse. La mnzake uja palibe amene analilemba. Inali nthawi imene bambo wa ana asanu ankaitanidwa kuti boyi, ndipo palibe Mzungu amene ankaganiza kuti dzina la munthu wogwira piki lingafunike tsiku lina. Ife tikamanena kuti chigazachi chinapezedwa ndi Zwigelaar, tizikumbukira kuti tikubwereza theka chabe la nkhani.

Mafupa ena a anthu anapezekanso m'masiku ndi m'miyezi yotsatira: fupa la mwendo la pansi pa bondo, zidutswa za mafupa a ntchafu, mafupa a m'chiuno, ndi kachidutswa ka nsagwada ya m'mwamba ya munthu wina. Koma panalibe wasayansi pamalopo. Palibe amene anajambula mapu osonyeza fupa lililonse pamene linagona. Ntchito ya mgodi sinaime. Mu 1925 kunabwera Aleš Hrdlička, katswiri wa mafupa a anthu wochokera ku Smithsonian Institution ku Washington. Anayenda ulendo wonsewo kuti adzafunse anthu amene analipo tsikulo. Anapeza kuti zokamba zawo sizinkagwirizana, mafupa anali atasakanizidwa, ndipo malo enieni anali atasintha. Zaka zinayi chabe zinali zitapita. Patapita nthawi kaphiri konse kanadyedwa ndi mgodi, phanga n'kutheratu, pamalopo n'kutsala dzenje.

Kuti timvetse kukula kwa zimene zinatayikazo, tiyenera kudziwa mmene fupa limasandukira mwala ndi mmene akatswiri amaliwerengera.

Chamoyo chikafa, nthawi zambiri sichisiya kanthu. Afisi amaphwanya mafupa, dzuwa limawang'amba, mvula imawakokolola, chiswe ndi tizilombo zimamaliza. Mwa zamoyo zosawerengeka zimene zinakhalapo, n'zochepa zedi zimene zinakwiririka msanga m'matope, mumchenga wa mtsinje kapena m'phanga, kumene mpweya ndi zilombo sizifika. Kumeneko madzi a pansi amalowa pang'onopang'ono m'timabowo ta fupalo, n'kusiyamo mchere wa m'miyala umene anyamula. Zaka zikachuluka fupalo limalemera, limauma ngati mwala, koma maonekedwe ake amakhalabe omwe aja. Chimenechi ndicho pa Chingelezi amati fossil, ndipo sayansi yake ndi paleontology. Amene anayendapo mumsewu wa ku Chirundu mwina anaona chikwangwani cha Chirundu Fossil Forest. Pamenepo pali zipika za mitengo zimene ukaziona umati nkhuni, koma ukazigogoda ndi mwala weniweni. N'chimodzimodzi ndi mafupa a ku Kabwe, kungoti madzi a kumeneko ananyamula mtovu ndi zinki.

Tsono fupa lokha limanena zochepa. Limakuuza kuti mwini wake anali wamkulu bwanji, ankadya zolimba kapena zofewa, ankadwala chiyani. Koma ukalifunsa kuti unakhala liti, unkakhala ndi ndani, kunja kunali nkhalango kapena dambo, limangoti chete. Mayankho amenewo ali m'dothi lolizungulira. Dothi limaunjikana m'mizeremizere, wakale pansi, watsopano pamwamba, monga momwe dzala la pakhomo limakhalira: zotayidwa chaka chatha zili pansi pa zotayidwa dzulo. Fupa la nguluwe ya mtundu umene unatha kalekale likapezeka mumzere umodzi ndi chigaza, limathandiza kudziwa nthawi. Mwala wosema ukapezeka pambali pake, umakuuza zimene manja a mwini chigazacho ankatha kuchita. Ngakhale timafupa ta mbewa ndi mileme tili ndi umboni wake. N'chifukwa chake akatswiri amakumba ndi kaburashi ndi kasupuni, mwezi wathunthu pa malo osakwana chipinda chimodzi, akulemba chilichonse. Ku Kabwe anakumba ndi piki ndi zophulitsira miyala. Chigaza chinapulumuka, koma mboni zake zonse zinapita ku ng'anjo.

Chaka chomwecho cha 1921 kampani ya mgodi inapereka chigazacho ku myuziyamu ya ku London imene lero imatchedwa Natural History Museum. Amene anachilandira ndi Arthur Smith Woodward, mkulu wa gawo la miyala, munthu amene ukatswiri wake weniweni unali pa nsomba zakale. Chaka chisanathe anali atalemba za chigazacho m'magazini ya Nature, n'kupatsa mwini wake dzina lakuti Homo rhodesiensis, kutanthauza munthu wa ku Rhodesia.

Tiyenera kuona mmene maganizo a asayansi analili panthawiyo. Mafupa a Neanderthal anali atapezeka ku Germany mu 1856. Eugène Dubois anali atapeza mafupa ena pa chilumba cha Java mu 1891. Charles Darwin anali atalemba mu 1871 kuti n'kutheka kuti makolo akale a anthu ankakhala mu Africa, koma ambiri sanazitengere. Maso awo anali ku Asia ndi ku Ulaya. Woodward mwiniwake ankakhulupirira ndi mtima wonse chigaza china chotchedwa Piltdown, chimene chinalengezedwa ku England mu 1912 monga kholo lakale la anthu. Mu 1953 zinadziwika kuti Piltdown chinali chinyengo: wina analumikiza chigaza cha munthu ndi chibwano cha nyani wamkulu wa ku Asia, n'kupala mano ndi kupaka mankhwala kuti zioneke zakale. Ndiye taganizani, m'nyumba imodzi munali chigaza chabodza chimene ankachinyadira, ndi chenicheni chochokera ku Kabwe chimene sankadziwa pochiika. Chigaza chathuchi ndicho chinali choyamba chofunika cha munthu wakale kupezeka mu Africa. Kamwana ka ku Taung ku South Africa, kamene Raymond Dart anakalengeza mu 1925, kanabwera pambuyo pake.

Nanga chigazacho chikuoneka bwanji? Amene anaona chifanizo chake ku Livingstone Museum akudziwa kuti choyamba kukugwira maso ndi fupa la pamwamba pa maso. N'lochindikala, lotulukira kutsogolo ngati khonde la nyumba, ndipo ndi limodzi mwa aakulu kwambiri mwa onse amene anapezekapo. Mphumi palibe kwenikweni, mutu umangothawira kumbuyo. Nkhope ndi yaitali ndi yotakata. Koma malo a ubongo ndi aakulu, pakati pa ma cc 1,200 ndi 1,300, pamene ambiri a ife lero tili cha m'ma 1,350. Kusiyana kwake n'kochepa, moti pali anthu amoyo lero, anzeru zawo bwinobwino, amene ubongo wawo ndi wofanana kukula ndi wake.

Chimene chimatikhudza mtima ife ndi mano. Mano khumi mwa a m'mwamba ndi obooka, ena anaola mpaka kumizu, ndipo pa nsagwada pali zizindikiro za zithupsa za mafinya. Zimenezi n'zosowa kwambiri pa anthu akale a nthawi imeneyo, amene sankadziwa shuga wa m'sitolo kapena zakumwa za m'mabotolo. Aliyense amene anagonapo usiku dzino likumupweteka, akudikira kuti kuche athamangire ku kiliniki, akhoza kumva pang'ono zimene munthuyu ankapirira, iye popanda kiliniki yothamangirako. Kumanzere kwa mutu, pafupi ndi khutu, kuli kabowo kozungulira. Pa intaneti mupeza anthu okamba kuti ndi bowo la chipolopolo, ena mpaka amati anawomberedwa ndi alendo ochokera kumwamba. Zimenezo ndi nthano za pa Facebook. Akatswiri amene anakayeza amakamba za matenda kapena chilonda, osati mfuti.

Kusowa kwa mapu a phanga kunayamba kubala zolakwa msanga. Myuziyamu inapatsa William Pycraft ntchito yofotokoza mafupa a ku Broken Hill, ndipo zimene analemba zinatuluka mu 1928. Pycraft anali katswiri wa mbalame. Atayang'ana mafupa a m'chiuno anagamula kuti munthuyu ankayenda chowerama, n'kumupatsa dzina latsopano lakuti Cyphanthropus, kutanthauza munthu wowerama. Akatswiri a thupi la munthu anatsutsa, n'kusonyeza kuti sanawerenge bwino mafupawo. Fupa la mwendo lija ndi lalitali ndi lowongoka, la munthu woyenda chilili ngati ife. Koma chithunzi cha munthu wakale wa ku Africa woyenda chowerama ngati nyani chinali chokoma m'maso mwa anthu a nthawi ya atsamunda, ndipo chinatenga nthawi kuti chichoke m'mitu.

Funso lovuta koposa linali la zaka. Njira yotchuka ya radiocarbon siigwira ntchito pa zinthu zopitirira zaka pafupifupi 50,000. Njira zina zimafuna phulusa la phiri lophulika kapena dothi la pamalo pomwepo, ndipo dothilo kunalibenso. Ndiye kwa zaka zambiri akatswiri ankangoyerekeza. Ena ankati n'chaposachedwa, zaka masauzande makumi angapo chabe. Ena, poona nkhope yake ndi mafupa a nyama amene anapulumuka ku ng'anjo, ankati zaka 500,000. Mabuku athu a kusukulu ankangotola nambala imene mlembi anaikonda.

Yankho lodalirika linabwera mu 2020, patatha zaka 99. Gulu lotsogoleredwa ndi Rainer Grün ndi Chris Stringer linayeza chigazacho chenichenicho, mafupa ena aja, ndi tizidutswa ta dothi timene tinasungidwa ku myuziyamu. Njira yake yaikulu inali ya uranium. Fupa likakwiririka limamwa uranium wochepa kuchokera m'madzi a pansi. Uranium ameneyu amasintha pang'onopang'ono kukhala thorium pa liwiro lodziwika, losasinthasintha. Ukayeza kuchuluka kwa ziwirizi, umawerengera nthawi imene yapita. Anapeza zaka pafupifupi 299,000, kuonjezapo kapena kuchotsapo 25,000. Tikati m'badwo umodzi ndi zaka 25, ndiye kuti pakati pa iye ndi ife pali mibadwo pafupifupi 12,000. Ambiri a ife sitidziwa ngakhale dzina la agogo a agogo athu, amene ndi mibadwo inayi chabe.

Nambala imeneyi inasokoneza nkhani imene tinaphunzira. Tonse tikukumbukira chithunzi chija cha mzere: nyani kumanzere, kenako wowerama, kenako wowongoka pang'ono, mpaka munthu wa lero kumanja. Pa mzere umenewo munthu wa ku Kabwe ankaikidwa pafupi ndi kumapeto, monga kholo lathu lenileni. Koma zaka 300,000 zapitazo, ku Jebel Irhoud ku Morocco kunali kale anthu a nkhope yofanana kwambiri ndi yathu, amene akatswiri ambiri amawawerengera m'gulu lathu la Homo sapiens. Nthawi yomweyonso, ku South Africa kunali Homo naledi, wa ubongo waung'ono wosafika ngakhale theka la wathu, amene mafupa ake anapezeka mu 2013 m'phanga la Rising Star ndipo ndi a zaka pakati pa 236,000 ndi 335,000. Ndiye kuti pa nthawi imodzi mu Africa munali mitundu ya anthu yosachepera itatu. Wa ku Kabwe mwina sanali gogo wathu ayi, koma mbale wa nthambi ina ya banja, imene inakhala pambali pa yathu kenako n'kutha. Ife tikuona kuti zimenezi sizichepetsa chigazachi. Mzere uja unali wosavuta kuloweza chabe. Zoona zake zimafanana ndi banja lalikulu la pa maliro, pamene ukufunsa kuti awo ndi a kwa ndani, ndipo yankho limatenga usiku wonse.

Ngakhale dzina lake silinakhazikike. Akatswiri ambiri anamuika m'gulu la Homo heidelbergensis, dzina lochokera ku chibwano chimene chinapezeka pafupi ndi Heidelberg ku Germany mu 1907. Ena amasungabe rhodesiensis. Mu 2021 gulu la Mirjana Roksandic linapereka ganizo la dzina latsopano, Homo bodoensis, potengera chigaza cha ku Bodo ku Ethiopia, ndipo chimodzi mwa zifukwa zawo chinali chakuti rhodesiensis limanyamula dzina la Cecil Rhodes. Ambiri sanavomereze, chifukwa malamulo a mayina a zamoyo amati dzina loyamba kuperekedwa ndilo limakhala. Choncho munthu amene anafera pa nthaka ya Alenje akuitanidwa ndi dzina la Rhodes, la tauni ya ku Germany, kapena la malo a ku Ethiopia. Ife tingomutcha wa ku Kabwe.

Kuti tione zimene phanga lija likanatiuza, tiyeni tipite kumpoto, ku mathithi a Kalambo pafupi ndi Mbala, m'malire ndi Tanzania. Malowa anayamba kufukulidwa ndi J. Desmond Clark wa ku myuziyamu ya ku Livingstone, amene anawazindikira mu 1953. Mu 2019 gulu la Larry Barham wa ku yunivesite ya Liverpool, mogwirizana ndi akatswiri a kuno kwathu monga a Perrice Nkombwe a ku Moto Moto Museum, linapeza zipika ziwiri m'mphepete mwa mtsinje, pamwamba pa mathithi. Chimodzi chinali chitasemedwa mphako kuti chikhale bwino chopingasa pa chinzake, ndipo zizindikiro za miyala yosemera zinali kuonekabe. Mtengo umaola msanga, koma uwu unasungika chifukwa unali m'mchenga wonyowa nthawi zonse. Popeza akatswiri analipo pamene zipikazo zinkatuluka, anatenga mchenga umene unazikwirira. Geoff Duller wa ku yunivesite ya Aberystwyth anauyeza ndi njira imene imasonyeza nthawi yomaliza imene timiyala ta mchenga tinaona kuwala kwa dzuwa. Zotsatira zinatuluka mu 2023: zaka zosachepera 476,000. Palibe chomangidwa ndi mitengo china chakale kuposa ichi chimene chikudziwika padziko lapansi.

Onani kusiyana kwake. Ku Kalambo kunalibe fupa la munthu ngakhale limodzi, koma chifukwa dothi linasamalidwa, m'zaka zinayi tinadziwa nthawi yake ndi luso la amene anasema. Ku Kabwe kunali chigaza chabwino kuposa pafupifupi china chilichonse cha nthawi yake, koma tinadikira zaka 99 kuti timve zaka zake, ndipo mpaka lero palibe amene anganene motsimikiza kuti miyala yosema ya m'phanga muja inali ya iye kapena ya anthu ena amene anabwera pambuyo. Anthu amene anasema zipika za ku Kalambo akhoza kukhala a mtundu wake kapena makolo ake. Phanga la ku Kabwe likanafukulidwa ndi kaburashi, mwina tikanatha kulumikiza nkhope ndi manja.

Tsopano za kubweza. Boma la Zambia lakhala likupempha chigazachi kuyambira m'ma 1970. Mfundo yathu yamphamvu ndi ya lamulo la atsamunda eni ake: mu 1912 anakhazikitsa lamulo lotchedwa Bushman Relics Proclamation, loletsa kutulutsa zinthu zakale m'dziko popanda chilolezo, ndipo Zambia imanena kuti chilolezo chotero sichinaperekedwe mu 1921. A ku Britain amayankha kuti chigazacho chinali mphatso ya kampani, ndiponso kuti lamulo lawo la 1963 limaletsa myuziyamu kutaya zimene ikusunga. Ali ndi lamulo lina la 2004 limene limalola kubweza mafupa a anthu, koma okhawo amene anamwalira zaka zosakwana 1,000 zapitazo. Wa ku Kabwe anapitirira malirewo ndi zaka 298,000. Mu 2018 nkhaniyi inakambidwa ku komiti ya UNESCO yoona zobweza chuma cha chikhalidwe, ndipo mbali ziwirizi zinagwirizana zoti zikambirane. Ana a sukulu a ku Kabwe akuonabe chifanizo chabe.

Ife tili kumbali yoti chibwere. Kampani imene inali ndi chilolezo chokumba mtovu inalibe mphamvu yopereka mutu wa munthu ngati mphatso. Ndipo zonena kuti ku Africa sitingasamale sizikugwiranso, poti Kenya, Ethiopia ndi South Africa akusunga okha mafupa awo otchuka, ndipo akatswiri a padziko lonse amapita komweko kukawayeza. Mafupa a Lucy, amene anapezeka mu 1974, kwawo ndi ku Addis Ababa. Koma tisanamizane. Mayikowa ali ndi zipinda zosungiramo zolimba ndi ana awo amene anaphunzira ntchitoyi mpaka pamwamba. Ngati chigazachi chitabwera mawa kuti chidzangokhala m'bokosi la galasi, nduna n'kujambulitsa pambali pake, tidzakhala tabweza fupa koma mafunso ake akufunsidwabe ndi kuyankhidwa kwina.

Ndipo mafupa a m'nthaka yathu si a ku Kabwe okha. Chigwa cha Luangwa, chimene timachidziwa ndi njovu ndi alendo a makamera, chili ndi miyala ya zaka zoposa 250 miliyoni. M'menemo muli mafupa a nyama zimene zinakhalako ma dinosaur asanabwere, zina za m'gulu limene pambuyo pake munachokera nyama zoyamwitsa. Miyala ya kumeneko ikusunga zamoyo za mbali zonse ziwiri za chiwonongeko chachikulu cha zaka pafupifupi 252 miliyoni zapitazo, pamene mitundu yambiri ya zamoyo padziko inatha. Kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1960, Alan Drysdall ndi James Kitching anatola mafupa ambiri kumeneko, ndipo ambiri anapita ku Johannesburg. Pali nyama yotchedwa Luangwa drysdalli, ina Zambiasaurus, ndi ina imene inalengezedwa mu 2013, Lutungutali sitwensis, m'bale wapafupi wa ma dinosaur, imene dzina lake linatengedwa ku Chibemba. Ndi angati a ife amene tinamvapo mayina amenewa m'kalasi? Masiku ano lamulo likuti zinthu zotere ndi za dziko, ndipo woziyang'anira ndi National Heritage Conservation Commission. Koma lamulo silikhala pa dzenje. Pa dzenje pamakhala mnyamata wophwanya miyala, woyendetsa chimakina chokumba msewu, wokumba chitsime kapena maziko a nyumba. Ndi anthu a msinkhu wathu, ndipo ali pamalo pomwe panali munthu wopanda dzina uja mu 1921. Akaona fupa lolemera modabwitsa, chofunika si kulizula n'kuthamanga nalo. N'kulisiya pomwepo, kulijambula ndi foni lili m'dothi lake, n'kudziwitsa a myuziyamu kapena a Heritage.

Mgodi wa ku Kabwe unatsekedwa mu 1994. Unasiya mtovu m'dothi la makomboni oyandikana nawo ndi m'magazi a ana, nkhani imene ikufuna tsamba lakelake. Pa mulu wa zinyalala za m'ng'anjo umene anthu amautcha Black Mountain, achinyamata akhala akukumba ndi manja kufunafuna zotsala zoti agulitse. Zina mwa zimene zinalowa m'ng'anjo m'zaka zoyambirira za mgodi zinali mafupa a m'phanga lija. Pamene panali No. 1 Kopje pali dzenje lodzaza madzi, ndipo malo amene chigaza chinagona zaka 299,000 tsopano ndi m'madzimo.